Aphunzitsi Anga Ndi Apongozi Anga

Selestina mwana wanga,

Khala pansi kaye, zochapazo zisiye, sizithawa. Ndipo usaseke zilembo zangazi. Ndikudziwa kuti zina zagona chammbali, zina zikukwera phiri, koma ndalemba ndekha, ndi dzanja lomwe lija umati ndi la khasu basi. Sabata yonse ino ndakhala ndikubisala kuseri kwa nkhokwe ndi kaderno yanga, kope lija la kusukulu, mpaka bambo ako ayamba kundikayikira kuti mwina ndapeza chibwenzi kuukalamba. Ndikanatha kukuuza pakamwa, koma umandidziwa. Ndikayamba kulankhula ndimakalipa, ndikakalipa iwe umatseka makutu, ndiye ndati bola ndilembe.

Mawa ukwera chapa, minibasi ija ya ku Tete, kukaphunzira unamwino. Ndanena kuti ukwera. Ndikubwereza dala chifukwa ndinakumva tsiku lija uli pamtondo, ukuuza amuna ako kuti mwina ungosiya. Unati wakula, zaka makumi atatu zili pakhomo, anzako m'kalasi akakhala ana obadwa dzulo amene Chipwitikizi chimangoterereka pakamwa pawo, ndipo akakuseka. Unatinso mwana wako Rozinya akadali wamng'ono. Ine ndinali pakhonde ndikusankha nyemba, ndipo mtima unandiwawa mpaka nyembazo ndinazisiya. Malo amenewa unawavutikira iwe. Unabwerera kusukulu uli kale mayi wapabanja, ukupalasa njinga mpaka ku Mualadzi uli ndi pakati, padzuwa ndi pamvula. Ukawasiya sakudikira, aitana wina. Ndiye tamvera za mayi wako, chifukwa pa nkhani ya manyazi palibe wondiposa m'dera lonse lino.

Nthawi ya nkhondo, titathawira ku Zambia, ndinali mtsikana wosinkhuka kale, mawere atayamba kuoneka. Kumeneko kunali sukulu ya ana a othawa, ya pansi pa mtengo, yaulere. Agogo ako anandiperekeza okha. Popeza sindinkadziwa kanthu, anandiika m'kalasi ya tiana ta mamina, ndipo nditakhala pansi mutu wanga unaposa onse. Kamtsikana kena kogweluka mano kanandiloza nkunena kuti, "Aphunzitsi, kwabwera amake a wina." Kalasi yonse inagwa nako kuseka. Nthawi yopuma itakwana ndinanyamuka ngati ndikupita kuthengo, ulendo unali womwewo. Agogo ako anandinyengerera, anandiopseza, anandikwapula ndi kamtengo, ine ayi ndithu. Lero ukandifunsa dzina la kamwana kaja sindilidziwa, nkhope yake sindiikumbuka. Iko kanaseka m'mawa umodzi, nkupita kwawo kukadya, nkuiwala. Ine ndinadinda chala mpaka imvi: kuchipatala chala, kokatenga chitupa chala, kogulitsa fodya chala. Sele, akakakuseka ku Teteko, seka nawo ngati nkhaniyo ndi yoseketsadi, ngati si yoseketsa ingowayang'ana. Mawa lake ukakhalenso pampando womwewo. Oseka amatopa msanga, pakatha masabata awiri amayamba kubwereka lapi yolembera kwa iwe.

Za kapulana, nsalu ija ya pa Pasaka, unali mwana, mwina unkangomva anthu akundinyogodola osadziwa mutu wake. Chaka china kunagwa matenda otsekula m'mimba, anthu a zaumoyo nkubwera ku Nsadzo kudzagawa makapulana kwa amayi a m'magulu. Yanga inali yokongola, yobiriwira, yojambulidwa manja awiri ogwirana ndi timadontho tikugwa kuchokera kumwamba. Ine ndinati awa ndi manja opemphera, madonthowa ndi madalitso. Ndinaipinda bwinobwino nkuibisa pansi pa bokosi, kudikira tsiku lalikulu. Pasaka itafika anandisankha kutsogolera amayi opereka mitulo. Ndinamanga kapulana yanga, dengu la maungu pamutu, nkumavina pang'onopang'ono kulunjika kuguwa, chiuno uku, chiuno uko. Ndinamva achinyamata akutsokomola kumbuyo, ndinati ndi chimfine cha nyengo ino. APadiri nawonso anagwira pakamwa, ndinati agwidwa ndi pemphero. Madzulo tikubwerera, aNachisale, mnzanga uja wa kutsidya kwa dambo, amene anaphunzirako pang'ono ali mtsikana, anandikokera pambali. "Anzanga," anatero, "kuvina mwavina bwino, koma kumbuyo kwanuko mwakhala mukuuza mpingo wonse kuti uzisamba m'manja pochoka kuchimbudzi." Mawuwo anali atakhala pamatako penipeni. Ndinawafunsa kuti, "Nanga m'mawa muja sitinayendere limodzi? Bwanji simunanene?" Iwo ati, "Ndinaopa kukuchititsani manyazi." Koma abale. Sindinawalankhule mpaka tinakolola. Ku Tete ukapeze mnzako amene azikuuza m'mawa, osati madzulo. Wakutsina khutu ndi mnansi, ngakhale atsine mopweteka. Ndipo iwenso ukaona mnzako wavala zake zakumbuyo, muuze musanatuluke pakhomo.

Iwenso unayesapo kundiphunzitsa, ukukumbuka? Unali mu kalasi yachisanu, unasalaza mchenga pabwalo nkundilembera dzina langa ndi kamtengo kuti nditsanzire. Ndinatsanzira. Iwe unati, "Mayi, mwalakwitsa, tabwerezani." Ndinabwereza. Unatinso, "Mwalakwitsabe." Pamenepo magazi anandikwera. Ndinafufuta mchengawo ndi phazi, ndikuti, "Ndinakubereka ndine, mchombo wako ndinaukwirira ndine, lero ukundiuza zolakwitsa?" Nkukutuma kukatunga madzi pamene mitsuko inali yodzaza. Unapita ukulira, ine nkutsala ndi ukulu wanga, dzina osalidziwa. Ana obadwa dzulo amene ukuwaopawo akakukonza, Sele. Akakuuza kuti mawu awa satchulidwa chonchi, jakisoni sagwiridwa chonchi. Usakafufute mchenga. Ukanene zikomo, ukafunsenso kachiwiri, chifukwa safunsa anadya phula. Iwowo akakafika m'chipinda cha amayi oyembekezera nkusowa poyambira, akathamangira kwa iwe amene unabereka kale.

Tsopano nkhani yaikulu, imene unaiona ndi maso ako koma unkangoseka, osadziwa kuti mkati mwanga munali nkhondo. Atatsegula alifabetizasawu, sukulu yathu ya akuluakulu ija, m'kapela ya pamudzi pathu, aNachisale ndiwo anandikoka. Ati akufuna kulipira mlandu wa kapulana. Tinkalowa masana tikaweruka kumunda. Mphunzitsi woyamba anali mtsikana wa ku Nsadzo, wofatsa, ndipo ndinayamba kumva kukoma. Posakhalitsa anakwatiwa nkusamukira ku Cassacatiza. Anatiuza kuti kubwera purofesoro wina, osatchula dzina. Lolemba lake tili chikhalire pamabenchi tinamva belu la njinga panja. Ndinayang'ana pansi pa chitseko nkuona mapazi. Sele, mapazi amenewo ndinkawadziwa bwino kuposa anga. Anali a amuna ako.

Ukudziwa za kwathu kuno. Mkamwini ndi amake a mkazi wake sayang'anana kumaso, sadyera pamodzi, sakhala nyumba imodzi, akakumana panjira wina amapatukira patchire. Chikwatiwire iwe, bambo a Rozinya ndinkawadziwa mawu ndi zidendene basi. Ndiye atangoponda pakhomo ndi bokosi lawo la choko, ine sindinaganize kawiri. Ndinatulukira pazenera. Mayi wa imvi, mwendo uku, mwendo uko, kapulana nkukodwa pamsomali, nkukagwera m'mbatata za katekisita. Chimene sindinadziwe nchoti iwonso atandiona anaponya bokosi nkutulukira pakhomo, liwiro. Kalasi inatsala yopanda mphunzitsi, ine nditabisala mbali iyi ya kapela, iwo mbali inayo, aNachisale ali pakati akugubuduzika ndi kuseka.

Ndinakhala pakhomo masabata angapo. Ndinkati basi, Mulungu sanandilembere sukulu. Koma masana aliwonse mphepo inkandibweretsera mawu a anzanga akubwereza zilembo m'kapela, ine ndikukonola chimanga, nsanje ikundidya. Mapeto ake tinapangana nzeru ndi aNachisale. Ndinkapita ndi kampando kanga nkukhala panja, pansi pa zenera lomwe lija, msana kukhoma. Iwo ndiwo ankanyamula kaderno yanga kulowa nayo ndi kutuluka nayo. Amuna ako akachonga, ankanena mokweza kuti, "Auzeni amayi ali panjawo kuti ayesetsa." Ine ndikumva ndithu, chifukwa panali khoma lokha pakati pathu, koma ndinkadikira aNachisale asuzumire pazenera nkundiuza. Kenako ndinkayankha kuti, "Auzeni apurofesoro kuti ndamva." Mvula itayamba ndinkafunda tsamba la nthochi. Mbuzi za katekisita zinandizolowera mpaka zinkagona pamapazi anga. Ndinaloweza zonse, Sele, ndinkaimba zilembo kuposa a m'katimo. Koma bolodi sindinaliwonepo ngakhale tsiku limodzi. Purova yoyamba, mayeso aja, itafika, atandipatsa pepala, ndinangoliyang'ana, ilonso nkundiyang'ana. Ndinalephera ndekha kalasi yonse. Ndinalira panjira, osati pang'ono.

Tinayesa njira ina. Ine ndinalowa mkati nkukhala kumbuyo kwenikweni, mpango nditaukokera kumaso. Amuna ako ankaphunzitsa atatifulatira, akulankhula ndi bolodi, ndipo akafuna kuona makaderno a anthu ankayenda chafutambuyo. Tsiku lina anapunthwa padengu la tomato limene mayi wina anabwera nalo kuchokera kudimba. Anagwa chagada, mutu wawo nkufika pamapazi anga enieni. Iwo anatseka kumaso ndi manja ali chigonere, ine nkudziphimba ndi mpango, tomato ali mbwee m'kapela monse. Palibe anaphunzira kanthu tsiku limenelo. Iwe madzulo ake unawachapira malaya ukuseka, ine ndili kunyumba ndikuuza bambo ako kuti sukulu ndaisiya, ndikuvutitsa mwana wa eni ake.

Bambo ako umawadziwa. Kuwerenga sadziwa ndipo sakufuna, ati maso awo ndi a nyama ndi mitambo. Anandimvetsera akupichira fodya wawo, kenako anati, "Nambewe, mukufa ndi ludzu mwendo uli m'madzi. Mphunzitsi mwamudyetsa nokha zaka zonsezi, akugona pamudzi panu, inu nkumaphunzira ndi mbuzi? Pitani mukafunse atsibweni anu." Ndinakwiya chifukwa ananena zoona. M'mawa mwake ndinapita kwa atsibweni anga, agogo ako aja osamva khutu limodzi, amene amatitsogolera tikamathira nsembe pamtengo wa msolo. Ndinayembekeza kuti andikalipira. Nditafotokoza, mofuula chifukwa cha khutulo, anaseka mpaka kutsokomola. Anati, "Mwana iwe, amene anaika mwambowu anaikanso khomo lake. Mkamwini akabereka pamudzi, akaonetsa khalidwe, apongozi ake amatha kumulowetsa m'nyumba. Uphe nkhuku, uphike wekha, uitane ankhoswe a mbali zonse, mudye mbale imodzi, iye akupatse kanthu m'manja, basi mwaonana. Ambiri amadikira mpaka onse atakalamba, koma palibe analamula zimenezo. Bwanji sunabwere kale?" Ndinali nditanyowa mvula yonse ija pansi pa zenera, khomo lili pafupi chonchi.

Tsikulo unalipo, ndiwe unandigwirira tambala wofiira uja. Atsibweni anayamba athira ufa pamsolo kuwauza makolo kuti asadabwe. Kenako tinakhala pamphasa m'nyumba mwanga, ankhoswe ali m'mbali, mbale ili pakati. Amuna ako potapa ndiwo, chiwindi cha tambala uja chinawagwa. Anandipatsa mpango watsopano, atsibweni nkunena kuti, "Tsopano yang'ananani." Ndinadzutsa mutu. Kani amuna ako ali ndi mpata m'mano. Zaka zonsezi palibe anandiuza. Ndinati mumtima, mwana wanga anasankha bwino, ndipo ndinamva chisoni kuti munthu wandimangira nkhokwe, wandinyamulira bambo ako panjinga kupita nawo kuchipatala, ine osadziwa nkhope yake. Iwo anangoti, "Amayi, Lolemba mukakhale benchi la kutsogolo." Ndinakakhaladi kutsogolo, ndipo nditaona bolodi, zonse zimene ndinkaimba panja paja zinayamba kupeza eni ake.

Usaganize kuti anthu anakhala chete. Kumjigo ankati Nambewe wagulitsa ulemu ndi choko. Ena ankati posachedwa azidzakwera njinga imodzi ndi mkamwini. Zinkandipweteka, sindinama, tsiku lina ndinabwerako ndi ndowa yopanda madzi. Koma walira mvula walira matope, ndinapitiriza. Ulemu sunapite kulikonse. Mpaka lero dzina lawo sinditchula, iwo akamandipatsa kaderno amagwira ndi manja awiri, ndipo akafuna kundiuza kuti ndalakwitsa amayamba atsokomola. Awiri mwa amayi ankandinena aja chaka chino alembetsa, akukhala benchi la kumbuyo kwanga nkumandikodola kuti ndiwaonetse. Ndimawaonetsa, koma ndimayamba ndawadikiritsa pang'ono.

Ndiye mvetsa apa, mwana wanga. Manyazi a ulemu upite nawo ku Tete, usakawasiye m'chapa. Ukapereke moni kwa akulu, ukagwade pamene pafunika kugwada, ngakhale a m'tauni akuseke. Koma manyazi ena aja, amene amakuuza kuti tuluka pazenera, ndi akuba. Ine anandibera ubwana wonse ndi utsikana wonse, ndipo anatsala pang'ono kundiberanso ukalamba. Ukakapeza chokutchinga kumeneko, kaya ndi phunziro lovuta, kaya ndi purofesoro waukali, kaya ndi lamulo limene sukulimvetsa, usakamange katundu. Ukafunse kaye kwa eni ake ngati lili ndi khomo. Ukalephera purova, ukalire usiku umodzi monga ndinachitira ine, m'mawa ukasambe kumaso ukalowe m'kalasi.

Za Rozinya tsopano, chifukwa ndikudziwa kuti mpamene pagona mtima wako. Mwezi watha, iwe uli ku Mualadzi kokatenga mapepala ako, ndinapita naye kusikelo. Namwino atalemba pakhadi, sindinafunse munthu. Ndinaima pansi pa mtengo wa mango panja, ndikuloza ndi chala, mpaka ndinawerenga ndekha tsiku lobwereranso ndi mankhwala a njoka zam'mimba amene anamupatsa. Zinanditengera nthawi, Rozinya mpaka anagona kumsana, koma ndinawerenga. Pobwerera ndinkangomwetulira ndekha panjira, anthu kumandipatsa moni kawiri. Choncho mwana wako sakutsala ndi mayi uja wa kapulana ya pa Pasaka. Akadwala ndidziwa kuti supuni zingati, kangati. Ndinalera iwe m'nthawi yovuta ndilibe chilembo ngakhale chimodzi m'mutu, sunafe. Uyu ali ndi agogo a kalasi yachitatu, ali ndi bambo ake pakhomo, ali ndi agogo aamuna omusakira mbewa. Akulira masiku oyamba, inde. Adzasiya.

Amuna ako asakudetse nkhawa. Amene akunena kuti mkazi wopita kutauni amapeza banja litazizira, asiye anene, pakamwa ndi pawo. Amuna akowo ndiwo ankakupopera njinga m'mawa uliwonse zaka zonse za ku Mualadzi. Komanso ali pamudzi panga, ndipo masiku ano ndimawaona kumaso, akanama ndidziwa msanga. Iweyo ndiye usamale. Ku Tete kuli amuna a kumigodi, a magalimoto ozizira mkati, amene amaima okha osawaimitsa. Ukawauze kuti zikomo, miyendo ndili nayo. Mphete isakachoke pachala, ngakhale akuuze kuti imasokoneza magolovesi; ukaimange pakhosi ndi ulusi.

Kumeneko kumatentha, si kuno ayi. Ndinapitako kamodzi ndi bambo ako, ndinkangomva ngati andivundikira ndi mphika. Uzikamwa madzi ngakhale usanamve ludzu. Ndakuikira ufa, nyemba, chigumu ndi mfutso wa nkhwani m'thumba la buluu; chigumucho udye panjira, chisakafike mawa lake. Nsapato zoyera zija usakavale m'chapa. Lamulungu uzikapita kutchalitchi, koma usakavomere msanga kulowa kwaya, ndimakudziwa, ukayamba kuimba mabuku aiwalika. Usakabwereke zovala za anzako kuti ufanane nawo. Ukakhumudwa usakadzitsekere. Ndipo uzitumiza mauthenga pa telefoni ya amuna ako, olembera ine, m'Chinyanja, mawu afupiafupi. Ndizikwera pachulu paja pamene imagwira bwino nkumawerenga ndekha. Ndawauza kale kuti asamandiwerengere, ngakhale nditenge tsiku lonse. Kuyankha ndiyankha, koma uzidekha, mabatani aja ndi aang'ono ndipo zala zanga ndi za mayi wolima.

Usabwere pakati pa chaka ati ndadzaona mwana. Ubwere akatsekera. Ukabwera wopanda chifukwa, ulendo wobwerera udzakulemera kuposa wa mawawu. Ndikunena zimene ndikudziwa, chifukwa masabata aja ndinakhala pakhomo, tsiku lililonse njira ya kukapela inkatalikirako.

Ndimakunyadira, Selestina. Pakamwa sindinakuuzepo, chifukwa ndikafuna kunena mawu otere ndimangopezeka ndikukufunsa ngati watsuka mbale. Ndiwe woyamba m'mbumba yathu yonse kupita kutali chonchi ndi mabuku. Agogo ako amene anandikwapula ku Zambia aja akanakhala moyo, bwenzi lero akululutira mpaka ku Nsadzo kukamveka.

Kalatayi ndakupatsa dzuwa likadalipo dala, chifukwa pali chinthu chimodzi chimene tagwirizana ndi bambo ako ndi amuna ako, ndipo sindikufuna chikudzidzimutse. Mawa sindikuperekeza kumsewu, Rozinyanso sakuperekeza. Akakugwira kapulana nkuyamba kulira, iwe sukwera, ndikudziwa. Ndipo iwe ukalira, amene atsitse chikwama chako pachapa ndine, ndi pakamwa panga ponsepa. Ndalemba masamba onsewa molimba mtima, koma ndikuopa, ndipo nkhope yako pakhomo la galimoto sindingaipirire. Ndiye utsanzikane naye lero. Umusambitse wekha, umudyetse wekha, umuuze kumene ukupita ndi kuti udzabwera, agone pamkono pako. Inenso ubwere undigwire dzanja tikatha kudya, tiseke za tomato zija, zikwanire.

M'mawa ukamva chitseko chikutseguka, usadzuke, usatiitane. Ndimubereka akadali m'tulo, tipita kudimba la kutsidya kwa dambo. Kumeneko galimoto imamveka bwino ikamatsika pamlatho. Ndiimva ikaima, ndiimvanso ikanyamuka, ndipo ndimuuza Rozinya kuti amake apita kusukulu ngati agogo. Tikhala komweko mpaka dzuwa litenthe. Pobwera kunyumba ndisakupeze, mwana wanga.

Ndine mayi wako,
Marita Nambewe